Kuchoka pamaso pa kamera kukafika pa pepala: ulendo wa Vasily Shukshin

Funso la wowerenga: "Ndakhala ndikuchita zisudzo kwa zaka zingapo, pa siteji komanso m'mafilimu ang'onoang'ono. Posachedwa ndaonera filimu yakale ya ku Russia yotchedwa Kalina krasnaya, ndipo ndinadabwa kuona kuti munthu mmodzi, Vasily Shukshin, ndiye analemba nkhaniyo, kuitsogolera, ndiponso kusewera ngati mwininkhani. Munthuyu anali ndani, nanga zinatheka bwanji kuti wosewera afike polemba? Inenso mtima ukufuna kulemba, koma anzanga a m'gulu akuti wosewera azisewera basi, zolemba azisiyira eni ake."

Achimwene, anzanuwo musawakwiyire, chifukwa m'mawu awomo muli kachoonadi. Kusewera pakokha sikusandutsa munthu kukhala wolemba. Alipo ambiri odziwa kuliza anthu pa siteji amene mutawapatsa pepala ndi cholembera sangafike tsamba lachitatu. Koma pamene akuti wosewera asalembe, apo ndiye aphonya. Konkuno kwathu Du Chisiza ankalemba yekha masewero amene ankachita ndi gulu lake la Wakhumbata. Ndipo munthu amene mwamutchulayu ndi woyenera kumudziwa bwino, chifukwa moyo wake ukuonetsa zonse ziwiri, chimene kusewera kumampatsa wolemba ndi chimene sikungampatse ngakhale atasewera zaka makumi atatu.

Vasily Shukshin anabadwa pa 25 Julaye 1929 m'mudzi wa Srostki, m'chigawo cha Altai ku Siberia, m'mbali mwa mtsinje wa Katun, mtunda wa makilomita oposa 3,000 kuchokera ku Moscow. Inali nthawi imene boma la Stalin linkakakamiza alimi kusonkhanitsa minda ndi ziweto zawo m'mafamu a gulu. Mu 1933 bambo ake, a Makar, anamangidwa n'kuphedwa mochita kuwomberedwa, mwanayo ali ndi zaka zitatu zokha. Boma linadzavomera mu 1956 kuti analibe mlandu. Bambo womupeza nayenso anafera ku nkhondo yachiwiri ya dziko lonse. Vasily anakula ndi mayi ake, sukulu ya zamagalimoto ku Biysk sanaimalize, anagwirako ntchito pa famu ya gulu, kenako m'mafakitale ku Kaluga ndi ku Vladimir. Mu 1949 analowa usilikali wa panyanja, komwe ankagwira ntchito yotumiza ndi kulandira mauthenga pa wailesi, ndipo mu 1953 anamubweza kumudzi chifukwa cha zilonda za m'mimba, matenda amene sanamusiye mpaka imfa. Kumudziko analemba mayeso a sekondale, n'kuyamba kuphunzitsa achinyamata pa sukulu yamadzulo.

Ndafotokoza zonsezi dala. Pamene ankafika ku Moscow mu 1954 kukayamba maphunziro pa VGIK, sukulu yaikulu ya zamafilimu m'dzikolo, anali ndi zaka 25 ndipo anali atamva kale momwe amalankhulira mlimi, dalaivala wa lole, msilikali, mayi wamasiye ndi munthu woledzera pa siteshoni ya sitima. Chuma chake chonse monga wolemba chinachokera m'zaka zimenezo. Ndipo dziwani kuti sanalembetse maphunziro a kusewera ayi. Analowa kalasi ya otsogolera mafilimu, ya mphunzitsi wotchuka Mikhail Romm, momwenso munali Andrei Tarkovsky, amene pambuyo pake anadzakhala wotsogolera mafilimu wotchuka, mwana wa mlakatuli, wokulira mu mzinda pakati pa mabuku. Shukshin anafika atavala zovala zake za ku usilikali ndi majombo.

Kusewera kunamupeza ali pa sukulupo. Anaoneka kamphindi kochepa chabe mu filimu ya Sergei Gerasimov yotchedwa Tikhiy Don, kenako Marlen Khutsiev anamupatsa udindo wa mwininkhani mu Dva Fyodora ya 1958, nkhani ya msilikali wobwera ku nkhondo amene atola mnyamata wamasiye wa dzina lofanana ndi lake. Nkhope yake inagwira anthu mtima: masaya a mafupa otuluka, maso aang'ono oyang'ana mokayika, munthu wooneka kuti akudziwa kulemera kwa fosholo. Otsogolera anayamba kumuitana, makamaka akafuna munthu wakumudzi kapena wantchito. Atamaliza sukulu mu 1960 analibe ntchito yokhazikika pa situdiyo, analibenso chilolezo chokhalira mu Moscow, moti ankagona kwa anzake, lero uku mawa uko. Chimene chinkamudyetsa ndi kusewera. N'chifukwa chake anthu ambiri anamudziwa poyamba ngati wosewera.

Komatu chaka chomwecho cha 1958 magazini ya Smena inasindikiza nkhani yake yoyamba yaifupi. Romm ndiye ankamulimbikitsa kuti azitumiza zolemba zake ku magazini osiyanasiyana osatopa. Ankalemba pamanja m'makope a ana asukulu, usiku, m'mahotela ndi m'malo ojambulira filimu, ndipo atapeza nyumba ankalembera kukhitchini ena onse atagona. Pomwalira anasiya nkhani zazifupi zoposa 100. Mfundo imeneyi ndi imene ndikufuna muigwire kuposa zina zonse. Sanadzuke tsiku lina n'kunena kuti poti ndatchuka pa kamera, ndipatseni ndilembe filimu. Anayamba waphunzira kumaliza nkhani ya masamba asanu, kambirimbiri, pamene panalibe womuombera m'manja.

Kuti mumvetse momwe nkhani zazifupizo zinamutsegulira khomo, muyenera kudziwa momwe mafilimu ankapangidwira mu Soviet Union. Situdiyo zonse, monga Mosfilm, Lenfilm ndi ya Gorky, zinali za boma, ndipo ndalama zinkachokera ku boma. Sikiripiti sinkalembedwa mouma ngati momwe timaphunzitsira masiku ano, mzere wa malo, mzere wa dzina, mzere wa mawu. Inkalembedwa ngati nkhani yoti munthu akhale pansi awerenge, ndipo zambiri zinkasindikizidwa m'magazini filimu isanajambulidwe. Ikalembedwa inkadutsa m'manja mwa akonzi a pa situdiyo, kenako bungwe la akatswiri a pomwepo, kenako komiti ya boma yoyang'anira mafilimu, imene anthu ankaitchula kuti Goskino. Paliponse pamenepa akanatha kuibweza kapena kuiika pa shelefu. M'dongosolo lotere, munthu amene dzina lake laoneka kale m'magazini olemekezeka ankamvedwa. Mu 1963 buku lake loyamba la nkhani za anthu akumudzi, Selskie zhiteli, linatuluka, magazini ya Novy Mir inasindikizanso nkhani zake, ndipo chaka chomwecho anayamba ntchito yotsogolera mafilimu pa situdiyo ya Gorky.

Filimu yake yoyamba yaitali, Zhivyot takoy paren ya 1964, anaiumba kuchokera ku nkhani zake ziwiri. Mwininkhani ndi Pashka Kolokolnikov, dalaivala wa lole pa msewu wa Chuysky ku Altai, mnyamata wolongolola, wokonda kudzitama ndi kufunsira atsikana, koma wa mtima wabwino, amene tsiku lina akwera lole yoyaka moto n'kuithamangitsira kumtsinje kuti isaphulitse malo osungira mafuta. Filimuyi inalandira mphoto pa chikondwerero cha mafilimu ku Venice, ku Italy, m'gawo la mafilimu a ana ndi achinyamata. Tsono taonani ichi: Shukshin anali kale wosewera wodziwika, nkhani inali yake, wotsogolera anali iye mwini, koma udindo wa Pashka anaupereka kwa mnzake Leonid Kuravlyov. M'mafilimu ake awiri otsatira sanadziikenso patsogolo. Anadikira mpaka 1972. Ine ndimaona kuti kudziletsa kumeneku kunamupulumutsa ku matenda amene amagwira osewera ambiri akayamba kulemba, olemba munthu mmodzi wamkulu wokhala ndi mawu onse okoma, ena onse n'kungokhala omuperekeza.

Nanga kusewera kunampatsa chiyani? Choyamba ndi khutu. Wosewera amadziwa kuwawa kwa kupatsidwa mawu amene pakamwa pakukana, chiganizo chotalika chimene munthu wamoyo sanganene mpweya usanamuthere. Anthu a Shukshin amalankhula modukizadukiza, amayamba nkhani n'kuisiya, amayankha funso limene sanafunsidwe, amabisa chisoni m'nthabwala, amatola mawu akuluakulu a m'nyuzipepala n'kuwagwiritsa ntchito polakwika pofuna kuoneka ophunzira. Munthu wa ku Russia akamva amazindikira msanga kuti awa ndi malume ake enieni.

Chachiwiri, chimene kwa ine n'chachikulu, ndi kudziwa zimene thupi lingathe kunyamula popanda mawu. Mu filimu yake yachiwiri, Vash syn i brat, muli mnyamata Stepan amene wabwera kumudzi kuchokera kundende. Banja likondwera, anthu asonkhana, mowa ndi nyimbo. Madzulo wapolisi afika, ndipo zidziwika kuti Stepan sanamasulidwe, wathawa, chonsecho kunangotsala miyezi itatu kuti amalize chilango. Wapolisiyo sakumvetsa, amufunsa chifukwa chake, ndipo yankho lake n'lakuti anapukwa kumudzi basi. Wolemba wongodziwa pepala akanapatsa Stepan kapena mayi ake mawu ambiri olira. Shukshin anaika kulemera konse pa mchemwali wake wa Stepan, mtsikana wosalankhula, amene tsiku lonse wakhala akusangalala kuposa aliyense ndipo ndiye atsatira mlongo wake n'kuzindikira kuti akumutenganso. Munthu amene waimapo pamaso pa kamera amadziwa kuti nkhope imodzi ikhoza kugwira ntchito ya masamba awiri, ndipo amalimba mtima kusiya malo opanda mawu.

Anthu amene Shukshin ankakonda kulemba za iwo ndi otere: osakhala oipa, osakhalanso ngwazi, anthu achilendo pang'ono m'makhalidwe, amene mtima ukuwawawa koma sakudziwa kuti ululuwo autchule chiyani. Ambiri ali pakatikati, kumudzi achokako koma mu mzinda sanalandiridwe. M'zaka zimenezo anthu miyandamiyanda a mu Soviet Union ankasamuka m'midzi kupita m'mizinda, ndipo iye mwini anali mmodzi wa iwo.

Tsopano ndinene chimene kusewera sikunampatse, poti apa ndi pamene anzanu aja ali ndi mfundo. Wosewera amaganiza m'zigawo. Amadziwa chimene chikuchitika m'chipinda muno, pakati pa anthu awiriwa, kwa mphindi zisanu izi. Kumanga nkhani ya ola ndi theka kuti chigawo chilichonse chikankhe chinzake ndi luso lina, ndipo Shukshin linamuvuta kwa zaka. Mafilimu ake oyamba ali ngati mikanda yokongola yoikidwa pa ulusi wosalimba: uliwonse ukuwala, koma ukhoza kuchotsa umodzi kapena kuisinthanitsa popanda chosokonekera. Filimu yachitatu, Strannye lyudi ya 1969, inali nkhani zake zitatu zosiyana zoikidwa pamodzi, ndipo sinakope anthu ngati yoyamba ija, ngakhale munali osewera amphamvu monga Sergei Nikonenko ndi Yevgeny Lebedev. Nkhani imene ikugunda bwino pa pepala sikuti igundanso chimodzimodzi pa kanema. Zitatero anasintha. Mafilimu ake awiri omaliza sanawasoke kuchokera ku nkhani zakale, anawalemba ali ndi kamera m'maganizo kuyambira tsamba loyamba.

Pechki-lavochki ya 1972 ndi ulendo wa pa sitima wa dalaivala wa thirakitala, Ivan Rastorguyev, ndi mkazi wake Nyura, kuchoka ku Altai kupita kukapuma kunyanja kummwera. Ulendo umathandiza wolemba wa mtundu wake, chifukwa njanji yokhayo imamanga zigawo pamodzi. Apa ndi pamene anasewera yekha mwininkhani, ndipo mkazi wake weniweni, Lidiya Fedoseyeva-Shukshina, anasewera Nyura.

Kenako inabwera imene mwaonerayo. Nkhani ya Kalina krasnaya inayamba yasindikizidwa m'magazini ya Nash sovremennik mu 1973, filimu n'kutuluka mu 1974 ku Mosfilm, ndipo ndi yokhayo mwa mafilimu amene anatsogolera imene ili yamitundu, osati yakuda ndi yoyera. Apa ulusi ndi wolimba kuyambira pachiyambi. Yegor Prokudin, mbala yotuluka kundende, apita kumudzi kwa Lyuba, mkazi amene ankalemberana naye makalata. Poyamba akungofuna pobisala, kenako ayamba kufuna moyo wina, agwira thirakitala, ndipo anzake akale aja amutsatira. Woonera amadziwa kuti ngongole ya moyo wakale idzafika, sadziwa tsiku lake lokha. Anthu oposa 60 miliyoni anaionera m'nyumba zoonetsera mafilimu m'dzikolo, ndipo owerenga magazini ya Sovetsky ekran anamusankha kukhala wosewera wopambana wa chakacho.

Bwererani ku chigawo chimene Yegor apita kukaona mayi ake amene sanawaone zaka zambirimbiri. Avala magalasi akuda, auza Lyuba kuti anamizire kukhala wochokera ku ofesi yothandiza okalamba, iye n'kukhala chete chapatali gogoyo akufotokoza za ana ake amene anabalalika osadziwika komwe ali. Gogo ameneyo sanali wosewera. Anali mayi wa m'mudzi wa m'chigawo cha Vologda komwe ankajambulira, dzina lake Bystrova, ndipo zimene akusimbazo ndi za moyo wake womwe. Shukshin wolemba anali ndi mawu ake okonzeka pa pepala. Atamva mayiyo akulankhula, anazindikira kuti zimene walemba sizingafike pamenepo, ndipo analola kuti mawu a mayiyo alowe m'malo mwa ake. Kenako Yegor atuluka osadziulula, ayendetsa galimoto pang'ono, aima, n'kudzigwetsa pa kachulu pafupi ndi tchalitchi chogumuka akulira kuti amenewo ndi mayi ake. M'chigawo chonse cha m'nyumbamo mwininkhani, amenenso ndi wolemba ndi wotsogolera, sanadzipatse mawu. Ndikamaphunzitsa achinyamata kulemba, chigawo chimenechi ndimachibwereza kawirikawiri, chifukwa wolemba wodzikonda sakanachilola.

Pali mbali ina yowawa imene simuyenera kuidumpha ngati mukufunadi ntchitoyi. Nkhani imene Shukshin ankaikonda kuposa zonse sanaijambule. Kuyambira m'ma 1960 ankalimbana ndi sikiripiti yonena za Stepan Razin, mtsogoleri wa Akosaki, anthu ankhondo a kummwera kwa Russia, amene anaukira ulamuliro wa mfumu ya Russia mu 1670 n'kuphedwa ku Moscow mu 1671. Anawerenga zakale, anayenda m'mbali mwa mtsinje wa Volga kufunafuna malo ojambulira, anasunga ndi ndevu zomwe pokonzekera kusewera Razin. Akuluakulu ankangomuzengereza. Ankati filimuyo idya ndalama zambiri, komanso nkhani ya anthu wamba oukira olamulira mwankhanza chotero sinkawakhazika mtima pansi. Pamene ntchitoyo inkazengereza choncho, iye sanataye zimene analemba. Anazisandutsa buku lalitali, Ya prishyol dat vam volyu, limene anthu akuwerengabe. Apa mpamene kulemba kumaposa kusewera: wosewera akamanidwa filimu amatsala manja ali m'khosi, pamene wolemba amatsala ndi mapepala ake.

Mu 1974 anavomera kusewera msilikali Lopakhin mu filimu ya Sergei Bondarchuk, Oni srazhalis za Rodinu, akuyembekeza kuti akamaliza ayamba za Razin ku Mosfilm. Ankajambulira m'mbali mwa mtsinje wa Don, m'chigawo cha Volgograd, ndipo osewera ankagona m'sitima yapamadzi yotchedwa Dunai. M'mawa wa pa 2 Okutobala 1974 mnzake Georgy Burkov, yemwe uja anasewera mkulu wa mbala mu Kalina krasnaya, anamupeza atamwalira m'chipinda chake. Mtima unaima. Anali ndi zaka 45. Zigawo zochepa zimene zinatsala anazimaliza ndi wosewera wina womuimira, mawu n'kulowetsa a munthu winanso. Anaikidwa m'manda a Novodevichy ku Moscow, ndipo mu 1976 anapatsidwa Mphoto ya Lenin atamwalira kale. Ena mwa masikiripiti ake anajambulidwa ndi anthu ena, monga Pozovi menya v dal svetluyu ya 1977, zimene zikusonyeza kuti zolemba zake zinkatha kuima pazokha mwini wake palibe.

Sindikukuuzani kuti mutengere moyo wake wonse. Ankagwira ntchito zitatu nthawi imodzi, akudwala, akukhalira khofi ndi fodya usiku wonse, ndipo kwa zaka zina mowa unamuvutitsa kwambiri asanausiye. Thupi linalephera kupirira. Ngakhale pa luso, si onse a m'nthawi yake amene ankamuyamikira. Ena ankamunena kuti akukweza mudzi n'kunyoza mzinda, mlandu umene iye ankaukana, ndipo ine ndikaonera mafilimu ake ndimaona kuti anthu ake akumudzi nawonso ali ndi nkhanza zawo, nsanje zawo ndi uchitsiru wawo. Sanawapake mafuta.

Kwa inu, achimwene, ndinganene izi. Pano palibe Goskino yoti ikuletseni, chokuletsani chachikulu ndi ndalama ndi nthawi, choncho musayambe ndi nkhani yofuna magalimoto khumi ndi gulu la anthu mazana awiri. Yambani ndi nkhani ya mphindi khumi, ya anthu awiri kapena atatu, m'malo amodzi, yochokera kwa anthu amene mukudziwa kalankhulidwe kawo mpaka mungathe kuwayeserera muli m'tulo. Mwininkhani mupatse mnzanu wa m'gulu, makamaka mmodzi mwa amene akukukayikiraniwo, inu mukhale pansi ndi pepala pamene akuyeserera. Pomwe lilime lake lapunthwa, vuto ndi chiganizo chanu, chikonzeni. Pomwe wachita ndi maso chinthu chimene inu munachilemba m'mizere inayi, dulani mizereyo. Zimenezi mukuzidziwa kale chifukwa cha siteji, ndipo wolemba amene sanasewerepo amazifika mochedwa.

Chimene muyenera kuchiphunzira mwakhama ndi chija chinamuvuta Shukshin, kumanga. Musanalembe mawu a munthu aliyense, lembani pa tsamba limodzi chimene mwininkhani akufuna, chimene chikumutsekereza, ndi chimene chisinthe pa mapeto. Kenako chigawo chilichonse muchifunse kuti, nditachichotsa ichi, chotsatiracho chingachitikebe? Ngati yankho ndi inde, chigawocho n'chokongoletsa chabe, ngakhale chikhale chokoma bwanji kusewera. Osewera zimatipweteka kudula zigawo zotere chifukwa timaona kale momwe anthu akanasekera.

Mukapeza mpata onerani Vash syn i brat ndi Kalina krasnaya motsatizana, muli ndi kope m'manja. Pa yoyambayo lembani pamene nkhani yaima n'kuyamba ina. Pa yachiwiriyo lembani chigawo chilichonse ndi chimene chabala m'chigawo chotsatira. Pakati pa mafilimu awiriwo pali zaka pafupifupi zisanu ndi zitatu za ntchito, ndipo kusiyana kwake mudzakuona m'kope lanulo musanafike ndi pakati pomwe pa filimu yachiwiri.